Msonkhano wa maphunziro ndi nkhondo ukachitikire kuti? Ine ndikuti kwathu ku Chiradzulu

Mwezi wathawu ndinasekedwa m'komiti, ndipo ndikakumbukira manyazi amandigwirabe. Koma ndaona kuti ndilembe, chifukwa mwina ena mwa inu munakumanapo ndi zofanana.

Nkhani yake ili motere. Chaka chamawa yunivesite yathu ilandira msonkhano wa akatswiri a zamaphunziro ndi a mbiri yakale, a m'dziko muno ndi akunja omwe. Mutu wake ukukhudza maphunziro ndi nkhondo: momwe nkhondo imapasulira sukulu, momwe sukulu imakonzera achinyamata kukamenya nkhondo, ndi zimene timauza ana mfuti zikasiya kulira. Ine, wa chaka chachitatu, anandiika m'kagulu koona za malo ochitira msonkhanowo ndi maulendo okaonetsa alendo zachikhalidwe. Amene munakhalapo m'makomiti otere mukudziwa ntchito ya wophunzira: kulemba zokambirana ndi kugawa mabotolo a madzi. Palibe amayembekezera kuti utsegula pakamwa.

Nditafika ndinapeza nsima itapsa kale. Hotela ya m'mbali mwa nyanja ku Mangochi, masiku atatu. Madzulo a tsiku loyamba, kukwera boti. Tsiku lachiwiri, kukaona njovu ndi mvuu ku Liwonde. Usiku womaliza, chakudya chapamwamba, ndipo pabwere gulu la ovina lidzasangalatse alendo akudya chambo. Onse anagwedeza mitu. Ine ndinakweza dzanja n'kufunsa kuti, bwanji osakachitira ku Chiradzulu?

Phwete lake! Wina anati, "Alendowo akagona m'munda wa nandolo?" Kuseka kutazilala, wapampando, mphunzitsi wachikulire ndithu, anandiyang'ana mwaulemu n'kuti, "Ndikuganiza kuti mukunena za ku PIM, kwa Chilembwe. Ganizo labwino. Inuyo munafikako?"

Ndinali ndisanafikeko.

Ndinabadwira kwa Nchema, m'boma lomwelo la Chiradzulu. Chaka chilichonse pa 15 January sitipita kusukulu, timamvera mwambo wa John Chilembwe pa wailesi. Nkhope yake ndimayenda nayo m'thumba pa K500 ndi pa K2000. Mayeso a mbiri ku sekondale ndinakhoza bwino, zaka zonse ndinaziloweza. Koma phazi langa linali lisanaponde pa Mbombwe. Ndinkafuna kutengera azungu ndi mapulofesa kumalo amene ine mwini dera ndinkangowadziwa pa pepala.

Kumapeto kwa sabata imeneyo ndinakwera minibasi wa kumudzi. Ndinapeza agogo aakazi akusenda nandolo pakhonde, ndipo nditawapatsa moni ndi kashuga komwe ndinawatengera, ndinakhala pamphasa n'kuyamba kuwathandiza.

"Agogo, za nkhondo ya Chilembwe munamvapo zotani?"

"Iwe, ukundiyesa wa liti? Ine ndabadwa ya Hitler itatha kale."

Tinaseka. Koma atakhala chete pang'ono anayamba kufotokoza zomwe sindinamvepo pa zaka zanga zonse. Agogo awo aamuna, akuti, anagwidwa utengatenga pa nkhondo yoyamba ija. Anasenza katundu wa asilikali mpaka kumpoto, kudutsa malire, ndipo anabwerako miyendo itatupa, mapewa ali zipsera zokhazokha. Za ulendowo sankakamba. Ana akafunsa ankangoti kumeneko kunalibe anthu, kunali akatundu okhaokha.

Bambo awo nawo analembedwa usilikali pa nkhondo yachiwiri n'kukafika ku Burma. "Bambo anga sukulu anaipeza ku usilikali," anatero agogo. "Anapita osadziwa ndi A yemwe. Pobwera ankawerenga, ankalemba. Amayi a mudzi wonse uno ankabwera kuti awalembere makalata opita kwa amuna awo ku Joni ndi ku Halale. Koma usiku ankakuwa kutulo. Ndiye iwe wophunzirawe undiuze, anapindula kapena analuza?"

Ndinasowa poyambira. Funso limenelo ndi mutu wonse wa msonkhano wathu, ndipo linafunsidwa pakhonde kwa Nchema ndi mayi amene analekezera Sitandade 3. Akatswiri a mbiri amati pa nkhondo ya 1914 mpaka 1918 dziko la Nyasaland linapereka asilikali pafupifupi 19,000 ndi atengatenga pafupifupi 200,000, pamene anthu onse m'dzikomo ankangopitirira pang'ono miliyoni imodzi. Chiwerengero chimenechi ndinkachidziwa. Chimene sindinkadziwa n'chakuti mmodzi mwa iwo ndi magazi anga.

M'mawa mwake ndinapangana ndi wakabaza wa njinga yamoto, ulendo wa ku Mbombwe.

Ukafika pa Providence Industrial Mission, choyamba kukugunda m'maso ndi tchalitchi chachikulu cha njerwa. Ambiri amayesa kuti ndicho anamanga Chilembwe, koma ayi. Chake chija boma la atsamunda linachiphulitsa mu 1915, ndipo zotsalira zake zilipobe chapafupi. Chomwe chaimacho chinabwera pambuyo, m'nthawi ya Dr Daniel Sharpe Malekebu, amene anaphunzira udokotala ku Meharry Medical College ku America n'kudzatsegulanso mishoniyo mu 1926. Kwa zaka 11 malowa anali otseka. Lero pali sukulu, pali chipatala, ana akuthamangitsana pabwalo. Ndinaima pakati pa tchalitchi chamoyo ndi mabwinja a chakufa, n'kudzifunsa kuti kodi ndi chipinda chiti cha hotela chimene chingamuuze mlendo zimene malo awa akunena okha.

Tisaiwale kuti Chilembwe asanagwire mkondo anagwira choko. Anapita ku America ndi Joseph Booth mu 1897, anaphunzira ku Lynchburg m'chigawo cha Virginia, n'kubwerera mu 1900 kudzayambitsa PIM. Anthu akuda a ku America, monga Landon Cheek ndi Emma DeLany, anabwera kudzamuthandiza. Mkazi wake, Ida, ankaphunzitsa amayi kusoka. Pofika cha m'ma 1912 sukulu zake zinali ndi ana pafupifupi 1,000 ndi akuluakulu mazanamazana. Ankafuna munthu wakuda wodziwa kuwerenga, wovala bwino, wolima mwanzeru, wosaweramira aliyense chifukwa cha khungu. Ndipo apa mpomwe anayamba kulimbana ndi eni minda. Pa esiteti ya A. L. Bruce ku Magomero, kumene anthu ankagwira thangata, sukulu zinali zosafunika. Woyang'anira esitetiyo, William Jervis Livingstone, anatentha timatchalitchi ta udzu ta PIM, timene tinalinso makalasi. Nkhondo ya pa Chiradzulu inayamba ndi kuwotcha sukulu.

Kenaka inafika nkhondo ya azungu. Mu September 1914 asilikali achikuda anaphana ku Karonga, ena m'dzina la mfumu ya ku England, ena m'dzina la mfumu ya ku Germany. Chilembwe analemba kalata ku nyuzipepala ya Nyasaland Times. Mfundo yake inali yosavuta: pa mtendere zabwino zonse n'za azungu, koma nkhondo ikabuka ndiye munthu wakuda akumbukiridwa kuti akakhetse magazi. Anati apite olemera, eni masitolo ndi eni minda, osati amphawi amene akafa amasiya amasiye oti alipirebe msonkho. Boma linaitsekereza kalatayo. Pa 23 January 1915 usiku anthu ake anaukira. Livingstone anaphedwa pamodzi ndi azungu ena awiri, gulu lina linakayesa kulanda mfuti ku sitolo ya Mandala mu Blantyre koma silinapindule kwenikweni, ndipo pa 3 February Chilembwe anawomberedwa akuthawira cha kumalire a Mozambique. Anthu pafupifupi 40 anaweruzidwa kuti aphedwe, ndipo pafupifupi 300 anamangidwa.

Chimene chimandikhudza ine, monga wophunzira zauphunzitsi, ndi zomwe zinatsatira. Boma linakhazikitsa bungwe lofufuza, ndipo azungu ambiri a m'minda analoza chala sukulu za mishoni: mwawaphunzitsa kwambiri anthuwa, n'chifukwa chake ayamba mwano. Alexander Hetherwick wa ku Blantyre Mission anachita kuima pamaso pa bungwelo kuteteza maphunziro a anthu akuda. Inamvekanso nkhani ya chipewa, yakuti munthu wakuda ankayenera kuvula chipewa akakumana ndi mzungu. N'chifukwa chake chiboliboli cha Samson Kambalu, chimene chinaikidwa pa Trafalgar Square mu London mu 2022, chikuonetsa Chilembwe atavala chipewa chake pafupi ndi mzungu mnzake John Chorley. Anthu a ku London anachiona tsiku ndi tsiku popita kuntchito. Ife tikufuna kuitana alendo ochokera komweko, n'kuwalambalalitsa malo amene chithunzi chake chinajambulidwa, kuti akaone mvuu.

Ndipo si PIM yokha. Ulendo wa tsiku limodzi m'boma lathu ungathe kukhala phunziro lathunthu.

Uyambire ku Magomero. Mu 1861 Bishopu Charles Mackenzie ndi anzake a UMCA anamanga pamenepo mishoni yoyamba m'dziko muno. Ophunzira awo oyamba anali anthu amene anawalanditsa m'manja mwa ogula akapolo. Pasanathe miyezi, amishoniwo ananyamula mfuti n'kukamenyana ndi magulu a Ayao, ndipo pofika 1862 Mackenzie anali atamwalira, mishoni itasamuka. Kalasi yoyamba m'Malawi inabadwira m'nkhondo n'kuthera m'nkhondo. Patapita zaka 54, pa dera lomwelo, mpamene anaphedwera Livingstone wa esiteti uja. Landeg White analemba buku lonse la mbiri ya Magomero, ndipo ndikukhulupirira kuti ena mwa alendo athu analiwerenga koma malowo sanawaonepo.

Kuchoka apo, ku Mbombwe. Kenaka ku Nguludi, ndipo apa mpamene nkhani imavuta kumeza. Pa 26 January 1915 anthu a Chilembwe anaukira mishoni ya Akatolika ya Nguludi, anaitentha, ndipo wansembe mmodzi, Bambo Swelsen, anavulazidwa kwambiri. Amene anawotcheredwa sukulu anakawotcha mishoni ya anzawo. Komanso Lamulungu la pa 24 January, mutu wa Livingstone unaikidwa poonekera pa nthawi ya mapemphero ku Mbombwe. Izi sitizikamba kawirikawiri pa 15 January. Koma msonkhano wa akatswiri si mwambo wa boma. Ngati alendo abwera kudzaganiza mozama za maphunziro ndi nkhondo, aime pa Nguludi n'kudzifunsa kuti munthu wophunzira, wopemphera, amafika pati kuti achite zoterozo, ndipo ndani anamufikitsa pamenepo. Ine ndimamulemekeza Chilembwe, ndipo ulemu umenewo suchepa chifukwa chonena zonse. Lero pa Nguludi pomwepo pali Catholic University of Malawi, imene inatsegulidwa mu 2006. Choncho amene amati ku Chiradzulu kulibe holo yokambiramo nkhani zamaphunziro ayambe afunsa.

Nthawi ikalola, Zomba sali patali. Pa chipilala cha King's African Rifles pali mayina a asilikali amene anafa. Ndinapitako chaka chatha ndi anzanga, tinajambulitsa zithunzi n'kubwerako. Nditamva nkhani ya agogo ndiye ndaganiza za amene mayina awo sanalembedwe paliponse, osenza katundu aja amene anagwa m'njira n'kusiyidwa.

Tsopano ndinene chilungamo za mbali inayo, chifukwa anzanga a m'komiti si zitsiru.

Choyamba, nyanja nayo ili ndi mbiri ya nkhondo. Mu August 1914 sitima ya Guendolen inakaombera sitima ya Ajeremani, Hermann von Wissmann, kutsidya la nyanja, ndipo mfuti ya Guendolen ilipo mpaka lero pafupi ndi chipilala cha wotchi pa Mangochi boma. Amene akufuna nyanja angathe kunena zimenezi. Koma pa pulogalamu imene ndinalemba ndi dzanja langa, mfutiyo panalibe. Panali boti ndi chambo.

Chachiwiri, malo ogona. N'zoona, kwathu kulibe hotela yoti n'kulandira anthu 100, magetsi amazimazima, intaneti ndi ya mwayi, ndipo misewu ya m'midzi mvula ikagwa imasanduka phala. Munthu wachikulire amene wauluka maola ambiri ayenera kugona pabwino. Sindikutsutsa. Koma Limbe ndi Blantyre ali pakhomo pomwepa, ndipo bwalo la ndege la Chileka lili kufupi ndi Chiradzulu kuposa Mangochi. Alendo angagone m'tauni, basi n'kuwatenga m'mawa.

Chachitatu ndi chimene sichinenedwa mokweza, koma tonse tikuchidziwa. Msonkhano ukakhala kutali, alawansi imanona. Sindikuloza munthu chala. Ndi chizolowezi cha dziko lonse, ndipo inenso nditamva za masiku atatu kunyanja mtima unadumpha, poti ndalama ya lendi ikundivuta ngati wina aliyense. Koma tikhale oona mtima, tisamati tasankha nyanja chifukwa cha alendo pamene tasankhira matumba athu.

Pali chinthu china chimene chikundidetsa nkhawa, ndipo chikukhudza ganizo langa lomwe. Kubweretsa basi ya mapulofesa kumudzi kungathe kukhala koipa kuposa kuwasiya kunyanja. Tonse tinaonapo: galimoto zifika fumbi kobo, ana atulutsidwa m'kalasi kuti aimbe padzuwa, amayi avina, alendo ajambula, wina alankhula Chingerezi mphindi 20, kenaka onse psiti. Anthu atsala ndi fumbi ndi mabotolo opanda madzi. Ngati ulendo wake ndi wotero, bola mvuu.

Tengani nkhani ya magule. Pulogalamu yathu imati ovina adzasangalatse alendo pa chakudya. Koma beni, amene amavinidwa kwathu ndi ku Zomba ndi ku Mangochi, ndi gule wobadwa ku usilikali. Yunifolomu, maudindo, kuguba, likhweru la wolamula, zonsezo anthu anazitenga ku perete wa asilikali n'kuzisandutsa zawo. Malipenga a ku Nkhata Bay ndi chimodzimodzi. Terence Ranger analemba buku pa za beni mu 1975. Gule ameneyu pa msonkhano wa maphunziro ndi nkhondo sayenera kukhala ndiwo za pambali. Ovinawo akhale ndi nthawi yawo pa pulogalamu, avine, kenaka akhale pampando afotokoze kuti anaphunzira kwa yani ndipo nyimbo zawo zikukamba chiyani, alendo afunse mafunso monga amafunsira pulofesa. Ndipo alipidwe monga amalipidwira wokamba nkhani, osati fanta ndi banzi. Tchopa cha Alhomwe, chimene UNESCO inachizindikira mu 2014, nacho chili ndi nkhani ya anthu amene anawoloka malire kuchokera ku Mozambique n'kudzagwera m'thangata la m'maesiteti. Ambiri mwa amene anatsatira Chilembwe anali anthu amenewa.

Choncho pempho langa lili ndi mfundo zinayi. Tikayambire kwa mafumu ndi kwa eni mipingo, kukapempha osati kukadziwitsa. Gawo limodzi la msonkhano lichitike m'Chichewa, poyera, kuti aphunzitsi a m'mapulayimale ndi agogo ngati anga amve ndi kuyankha, ndipo azungu ndi amene amasuliridwe. Chakudya cha tsikulo chigulidwe ndi kuphikidwa komweko, ndalama itsale m'dera. Pomaliza, zimene akatswiri adzalembe zidzabwerere kusukulu za m'bomalo m'chinenero chimene ana angawerenge. Mbiri ya Chilembwe yalembedwa ku Edinburgh ndi ku America, George Shepperson ndi Thomas Price anatulutsa buku lawo lalikulu mu 1958, koma ine ndinamaliza sekondale m'boma lomwelo osaligwirapo.

Lachinayi lapitali ndinabwerera ku komiti ndi zithunzi za pa foni, mtengo wa basi ndi ndondomeko ya ulendo. Ulendo uno sanaseke. Sindinapambane zonse ayi. Nkhani ya nyanja ikadali pa tebulo, ndipo mavoti ndikuwaona komwe akupendekera. Koma agwirizana kuti, kaya msonkhano ukhala kuti, alendo akatsika ndege adzayambe ndi tsiku lathunthu ku Chiradzulu, ndipo njovu zachotsedwa pa pulogalamu. Wapampando uja anandipatsa ntchito yolemba makalata opita kwa mafumu. Potuluka anandiuza motsitsa mawu kuti iwonso ku PIM anafikako kamodzi kokha, kalekale, paukwati.

Anzanga amene mukuwerenga, makamaka a ku Chiradzulu, Zomba ndi Phalombe, ndikupempheni chinthu chimodzi. Mukapita kumudzi pa holide, afunseni agogo anu ngati m'banja mwanu munali wa tengatenga kapena msilikali. Lembani zomwe akuuzeni, ndi chilolezo chawo. Anthu amene anamva nkhanizi kuchokera pakamwa pa eni ake akutha, ndipo palibe msonkhano umene udzawaukitse.

Nditawaimbira agogo kuwauza kuti mwina alendo abwera, anafunsa kuti ndi angati. Ndinati mwina basi yodzadza. Anakhala chete, ndinkamva nkhuku pa foni. Kenaka anati, "Udzandiuziretu kukadali masiku. Kalongonda safuna changu, ukamupupulumira amaledzeretsa. Ndipo uwauze kuti funso langa lija sunandiyankhe. Mwina iwo alidziwa."